Wotoledwa

Ndimalipiritsa pa chilembo.
Dzina lalitali limagulira ana nsapato,
lalifupi limandipumitsa mkono.
Zaka makumi atatu ndi zinayi ndakhala ndikusema miyala
kuseri kwa mpanda wa manda a ku Catania,
phiri la Etna likundiwaza phulusa m'khofi,
ndipo maina ndinkawadziwa
monga mmene wokhoma mabokosi amadziwira anthu:
utali ndi kupingasa, basi.

Spanò. Zilembo zisanu ndi kamzere pamwamba.
Wansembe wina anati n'Chigiriki, wopanda ndevu.
Mwini wake ndevu zinkamusesa pachifuwa.
Crisafi ndi wosula golide,
koma mkazi wamasiye anandilipira ndi mazira
kwa miyezi isanu ndi iwiri.

Chaka chatha ndinalemba ntchito mnyamata,
Moncef, wa ku Sfax, kutsidya kwa nyanja.
Tsiku lina akupukuta fumbi pamwala
anawerenga pang'onopang'ono, Fra-ga-là,
n'kuseka mpaka kukhala pansi.
Akuti, ili n'lathu ili!
Faraj Allah, mpumulo wochokera kwa Mulungu.
Nayenso Vadalà wagona apoyo ndi malume anga Abdallah,
kungoti mano a kuno alitafuna zaka chikwi.

Fragalà ameneyo ndinkamudziwa.
Ankaliza belu la tchalitchi,
ndipo maboti a alendo akafika padoko
ankalavula pansi.
Anafa osadziwa kuti m'mawa uliwonse,
poyankha mkazi wake,
ankayankha kuitana kwa Chiluya.

Kenako mnyamata uja anafunsa, nanga lanu?

Ndinatula nyundo.

Kale m'khoma la nyumba ya masisitere
munali gudumu lamatabwa, lokhala ngati mbiya yodulidwa pambali.
Usiku mayi ankagonekamo khanda,
kuzunguliza, kuliza kabelu, n'kuthawa.
Gogo wa agogo anga analowa m'dziko kudzera pamenepo,
atakulungidwa ndi theka la mpango.
Theka linalo linapita ndi amene anathawayo,
kuti tsiku lina adzalumikize.
Sanabwere.
Kalaliki, tulo tili m'maso, anaviika cholembera
n'kulemba chimene anaona: Trovato.
Wotoledwa.
Mtundu wathu wonse unayambira pa inki imeneyo.

Ena amatchedwa ndi mtengo wa pakhomo pawo,
ena ndi ntchito, ena ndi mudzi umene unagumuka kale,
ena ndi chipongwe chimene anzawo anawachitira kumsika
n'kuwakakamira mpaka zidzukulu.
Ife timatchedwa ndi usiku umodzi.

Kusukulu ndinamenyerapo anthu dzina limeneli.
Mayi anayesa kulithira shuga,
anaika Agatino patsogolo, kutanthauza wabwino,
koma aphunzitsi ankaitana ndi lakumbuyo.

Moncef anakhala chete, akuzunguliza tchizulo m'manja.
Ndiye anati, komatu bambo,
sanalembe kuti wotayidwa.
Analemba kuti wotoledwa.
Ndiye kuti wina anamva kabelu, anadzuka m'chisanu,
n'kutambasula manja.

Zaka zonsezi ndinkawerenga dzina langa
nditaima kunja kwa khoma.

Mwala wanga ndinasankha kale, wakuda, wa m'phiri,
watsamira kuseri kwa chitseko pamodzi ndi matsache.
Manja anga ayamba kunjenjemera pa R ndi pa S,
ndiye adzasema ndi iyeyo.
Ndamuuza kuti T woyamba adzamuzamitse,
chifukwa mvula ya kuno imadya zilembo.

Dzulo ndinamufunsa kuti adzandichotsera zingati,
poti ndine ndinamuphunzitsa kugwira nyundo.
Anawerenga ndi zala zoyera ndi fumbi:
zisanu ndi ziwiri kutsogolo, zisanu ndi ziwiri kumbuyo,
mtengo wake womwewo wa aliyense.
Ndinamutukwana m'chinenero cha amayi anga.
Iye anangokweza mapewa.
Akuti, mundikhululukire bambo, si ine,
ndi dzina. Moncef ndi wosakondera.